Ndinakalanditsa Patuma pa Msika wa Nayuchi

Manyazi ena munthu umapita nawo kumanda, koma awa ndiulula ndekha, poti a ku Nayuchi akuikamba nkhaniyi mothira mchere wambiri.

Ndinakhala ku Joni zaka zingapo ndikutsuka magalimoto, koma mtima unatsalira kwa Patuma, mtsikana wakwathu amene sindinamufunsirepo chifukwa cha mantha. Ndikangomva fungo la matemba, ndinkamuona akuyanika nsomba kunyanja ya Chiuta, mpango utapendekeka. Ndinkamusowa koopsa.

Nditabwerako, tsiku la msika ndinavala jekete lachikopa dzuwa likuswa mtengo, n'kuyamba kumusaka.

Pafupi ndi njanji ndinapeza chikhamu cha anthu. Pakati pawo, Patuma! Anali atagwada akulira, chibambo china chandevu chitamulanda khadi la mtukula pakhomo.

"Ndalamazi ndizilandira ine, mlamu wako!" chinakuwa. "Mkazi wamasiye udziwa chiyani? Alesi inu, ongodikira zaulere!"

Wamasiye? Mtima unandiwawa kuti wavutika chonchi. Komanso, Mulungu andikhululukire, unadumpha pang'ono.

Anthu ankangoonerera, ena akutafuna chinangwa. Mayi wina wovala tisheti yoyera anakweza dzanja. "Alipo amene angawathandize mayiwa? Alowe!"

Sindinadikire kawiri. Ndinachigwira chibambocho pakolala.

"Bweza khadilo! Ndalamazo ndi za ana ake, agulire sopo ndi makope. Kulandira thandizo si ulesi, galu iwe!"

M'manja, nthungululu! Ndinamva jekete likundithina m'mapewa.

"A Jafali? Mwabwera liti?" Patuma ananong'ona. "Chonde, musawapweteke."

Taonani mtima wabwino, ndinaganiza, kumvera chisoni ngakhale mdani. Ndinawonjezera kufinya.

"Achimwene, mwayankhula zomveka," anatero mayi wa tisheti uja. "Tauzani anthu, mwalowa ngati ndani wawo?"

Apa mpamene mawu onse amene ndinasunga ku Joni anatulukira pamodzi.

"Ngati wowakonda! Patuma, kunja kuja sindinkaona tulo. Ana akowo ndilera ine. Wallahi, ndikukwatira!"

Misozi yanga inali mbwembwembwe, yeniyeni. Anthu anaseka mpaka ogulitsa tomato anasiya malonda awo. Ndikuti ndichigwedezenso chibambo chija, ndevu zonse zinatsalira m'manja mwanga. Linali khonje lopaka makala. Nkhope inali ya Saidi, amene tinkakhala desiki imodzi kupulayimale.

"Jafali, tandisiya aise, ndikubanika," anatero. "Ndi drama iyi. Timayenda m'misika kuwauza anthu kuti asiye kunyoza ndi kudyera masuku pamutu olandira mtukula pakhomo. Pakati pa sewero timaitana woonerera kuti alowe."

"Ndiye kuti Patuma si wamasiye?"

"Iyayi, mwamuna wake ali moyo. Ndi amene wamukanyanga pakhosiyu."

Ndinalakalaka sitima ya ku Mozambique itangotulukira n'kunditenga.

Koma mayi uja, amene anali tcheya wa gulu la sewerolo, anati chiyambire sanaone woonerera woyankhula mogwira mtima chotero. Ati gogo wina wolandira nawo thandizolo analira nditati si ulesi. Anandipempha kuti ndikabwereze ku Balaka, mawu omwewo, misozi yomweyo.

Ndinavomera. Mpaka lero ndimamufunsira Patuma msika uliwonse, ku Ngokwe, ku Balaka, mwamuna wake ali pomwepo, ndipo anthu amadabwa kuti misoziyo ndimaitulutsa bwanji.

Ukachedwa kufunsira, abale, udzafunsira m'sewero.