Cholembera cha a Zamveka

A Zamveka anali mwana wa telala ndi mayi wogulitsa makala, ndipo anasiya ana atatu: wachisamba wamkazi, yemwe ndi namwino, wachiwiri dalaivala, ndi mzime amene mpaka lero ntchito yake ndi kufunafuna ntchito. Anakwatira mwana wanga. Izi ndazinena poyambirira kuti wina asadzati gogo uja akujeda munthu amene sankamudziwa. Ndinawadziwa zaka makumi anayi, ndipo zaka zonsezo anali ndi nthenda imodzi imene ngakhale chipatala chinailephera: mkazi akangotsegula pakamwa, cholembera chawo chinkakomoka.

Anali mlembi wa khonsolo. Mu holo ya misonkhano muli tebulo lalitali, ndipo iwo ankakhala kumapeto kwake, cha pawindo, ndi buku lalikulu lachikuto chakuda ndi cholembera cha inki chachivindikiro chonyezimira. Mwamuna akamalankhula, cholembera chija chinkathamanga ngati chikuthamangitsidwa ndi agalu. Khansala wina anayetsemula pakati pa mawu, iwo n'kukweza mutu kumufunsa ngati zimenezonso zilowe. Koma aimirire mkazi! Munkangomva kuti tswa, chivindikiro chatsekedwa. Kenako ankavula magalasi, kuwauzira mpweya, n'kuyamba kuwapukuta ndi kampango, mbali iyi, mbali iyo, mpaka mkaziyo atakhala pansi. Akatero ankavala magalasi aja, n'kumwetulira mwaulemu wonse.

"Zamveka, mayi."

Dzina linachokera pamenepo. La makolo awo anthu analiiwala.

Musaganize kuti mawu a akazi ankatayika. Ayi, ankatoledwa. Panali khansala wina mwini butchala, munthu wamimba yofika pakhomo mwini wake asanatulukire, amene ankagona misonkhano yonse khutu limodzi lili maso. Mkazi akangokhala pansi, a Butchala ankadzuka, kukonza lamba, n'kuti, "A Tcheya, pali ganizo limene landisowetsa tulo masiku ano." Akatero ankabwereza zonse zimene mkazi uja wanena, liwu ndi liwu. Pamenepo chivindikiro chinkatseguka. M'buku munkalowa kuti: "Kunali kaphokoso kumbali ya amayi. Kenako a Butchala anapereka ganizo lanzeru."

Mkazi woyamba kulowa m'khonsolomo anali mphunzitsi wopuma pantchito. Anamukhazika pafupi ndi chitseko, pamene pamakhala ketulo ndi makapu, poti tiyi sangadzithire yekha. Tsiku lina atatopa nazo anawatchera msampha. Anaimirira n'kuti, "Ine monga mayi amene ndinabereka ana asanu ndi mmodzi ndi kuwayamwitsa onse, ndikuti pamsika pamangidwe chimbudzi cha akazi." A Butchala anadzambatuka m'tulo, lamba m'manja: "A Tcheya, ine monga mayi amene ndinabereka ana asanu ndi mmodzi ndi kuwayamwitsa onse..." Holo yonse inagwa ndi phwete. A Tcheya anatsamwa ndi tiyi. A Zamveka okha ndiwo sanaseke. Analemba, n'kuumitsa inki bwinobwino. Pamsonkhano wotsatira anawerenga ndi mawu awo aubusa aja kuti a Butchala, polankhula monga mayi woyamwitsa, anapempha chimbudzi. Ndipo onse anavomereza kuti zolembazo n'zoona.

Komabe anthu ankawakonda, ndisaname. Malaya ositidwa mpaka kolala kucheka khosi. Akazi amasiye ankawalembera makalata a penshoni osalandira ngakhale nthochi. Kungoti kalata ikatha, wosayina ankayenera kukhala mlamu kapena mwana wamwamuna, ngakhale wamamina.

Kunyumba anali ndi kabuku kena kolembamo za banja. Tsiku limene anabadwa dalaivala analemba tsamba lathunthu: ola, kulemera kwake, mphuno yofanana ndi ya agogo ake atelala. Tsiku limene anabadwa mdzukulu wanga wachisamba, amene ndinamulandira ndi manja anga awa, analemba mzere umodzi: "Lero kwagwa mvula yambiri. Kwabadwanso mwana wamkazi." Mvula inatsogola.

Koma Mulungu amadziwa kuseka. Anyamata aja anakula ndi zolemba ngati nkhuku yapalasa pamchenga, pamene mtsikana anatenga dzanja la bambo ake lonse. Ankamukhazika patebulo Loweruka lililonse, kumugwira zala, kumuphunzitsa kupinda mchira wa chilembo. Atafika zaka khumi ndi ziwiri, mukaika zolemba zake pambali pa za bambo ake simukanasiyanitsa. Iwo ankayang'ana pepalalo nthawi yaitali, n'kuusa moyo.

"Dzanja ili likanagwera pa mwamuna!"

Mtsikanayo anakula, nakhala namwino wa kuchipinda cha amayi oyembekezera. Pakati pa chipatala ndi nyumba za kutsidya pali kamtsinje kamene chilimwe mwana amakalumpha, koma dzinja kamalusa ngati kalodzedwa. Chaka chimodzi chokha anachiritsa amayi atatu pagombe, pamatope, atawoloka yekha madzi a m'chiuno. Wachitatuyo mwana sanapulumuke. Wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko: chisankho chitafika, Namwino anaimira ukhansala.

Zimene anamva pamisonkhano yokopa anthu sindingazilembe zonse, pepala lingachite manyazi. "Mwamuna wako akudya kuti?" "Wagona ndi ndani kuti chipani chikupatse mpando?" "Bwerera ukatsuke matewera!" Bambo ake atafunsidwa ngati adzamuvotera, anati iwo ndi wantchito wa boma, alibe mbali. Koma akazi a kutsidya anali ndi mbali. Namwino anapambana.

Tsiku loyamba mu holo, anamukhazika paja pa ketulo. Ataimirira kuti alankhule za mlatho wa pakamtsinje kaja, maso onse sanali pa iye, anali pa cholembera. Iye ankadziuza kuti chibale ndi fupa. Munthu amene anakugwira zala kukuphunzitsa kulemba dzina lako sangalephere kulilemba yekha.

Tswa.

Analankhula mphindi khumi akuyang'ana bambo ake akupukuta magalasi. Atakhala pansi, iwo anamwetulira monga amamwetulira kwa aliyense.

"Zamveka, mayi."

Mayi! Mwana amene anawakodzera pamiyendo!

Nkhani ya mlatho anaiimirira kakhumi ndi kamodzi. Anayeza mtsinje ndi chingwe, anawerenga amayi amene anachirira panjira, anapondaponda maofesi mpaka nsapato ziwiri zinatha zidendene. Kakhumi ndi kamodzinso a Butchala anasowa tulo. Mlatho unamangidwa chaka chachinayi. Wosema chikwangwani anapita kwa mlembi kukafunsa mwini ganizo, mlembi anatsegula buku, ndipo pachitsulo panalembedwa dzina la a Butchala. Tsiku lotsegulira mlathowo mwini dzina anachedwa maola awiri. Anasochera. Sankadziwa kumene kuli mtsinjewo.

Namwino anameza mate. Ankati bola amayi akuwoloka, chitsulo sichibereka. Koma chaka chachisanu malire a madera anasinthidwa, dera lake ndi la a Butchala n'kukhala limodzi, ndipo chipani chinayenera kusankha munthu mmodzi woti aimire. Komiti yosankha inali ya amuna asanu ndi awiri. Anati sakondera aliyense, adzangoona ntchito za munthu monga zalembedwera m'buku la khonsolo.

Analitsegula. M'zaka zisanu Namwino anapezekamo kawiri. Poyamba: "Amayi anathira tiyi." Kachiwiri: "Khansala wamkazi anachedwa." Tsiku limenelo n'kuti akuchiritsa mapasa.

Komiti inamupatsa mpaka Lachisanu kuti abweretse umboni wina. Lachinayi masana anagogoda pa ofesi ya bambo ake, kachipinda konunkha inki ndi fumbi, kabati yachitsulo pakona. Anawapeza akudzaza cholembera.

"Bambo."

"Muno ndi mu ofesi, mayi."

"Chabwino, a mlembi. Sindikupempha kuti musinthe buku. Mawa mubwere ku komiti, munene ndi pakamwa panu amene anayambitsa za mlatho. Basi."

"Zimene sizili m'buku sizinachitike."

"Munalipo! Kakhumi ndi kamodzi!"

"Ndinkapukuta magalasi."

"Makutu munkapukutanso?"

Anatseka botolo la inki, kulipukuta pakamwa, n'kuliika m'malo mwake.

"Mwana wanga," anatero, ndipo kanali koyamba kumutchula choncho m'nyumba imeneyo, "ndikakanena zimenezo ndiye kuti zaka makumi atatu ndakhala ndikulemba bodza. Ukufuna bambo ako apume pantchito ali wabodza?"

"Ndiye wabodza ndikhale ine?"

"Iwe uli ndi ntchito yako kuchipatala. Ili bwino. Ya akazi."

Namwino anatuluka osatseka chitseko. Nkhani itandipeza ndinapita ndekha ndi ambulera yanga, ndipo zimene ndinawauza apongozi angawo anazimva ogulitsa nyuzipepala kuseri kwa msewu. Ndinawakumbutsa kuti sukulu anaphunzira ndi makala a mayi awo, osati ndi singano ya bambo awo aja ankasoka thalauza mwendo umodzi wautali. Ndinamenya tebulo mpaka ambulera inathyoka nthiti ziwiri. Anaimirira, chipewa pamtima, kundimvetsera mpaka mpweya unandithera.

"Zamveka, amayi."

Lachisanu sanapite. Komiti inasankha a Butchala, munthu wa mlatho.

Patatha zaka ziwiri a Zamveka anapuma pantchito, ndipo asanazolowere n'komwe kukhala pakhonde, anagwa m'bafa. Mbali yonse ya kumanja inafa, pakamwa n'kupotoka. Dalaivala anali paulendo. Mzime anati fungo la chipatala limamudwalitsa. Mukuganiza kuti ankawatembenuza ndani, kuwapukuta, kuwamwetsa ndi supuni? Namwino ankamaliza ntchito kwa amayi ake oyembekezera, n'kuwoloka khonde kupita kuchipinda cha amuna. Sanaphonye tsiku. Sanawalankhulenso mawu opitirira "tsegulani pakamwa".

Tsiku lina m'mawa anamugwira mkono ndi dzanja lamanzere, n'kuyamba kulankhula. Zinkatuluka zinali thovu ndi kubuula. Analimbana nazo nthawi yaitali, misempha ya m'khosi itatupa, maso ali pa mwana wawo. Namwino anavula magalasi ake, kuwauzira mpweya, n'kuwapukuta ndi ngodya ya yunifolomu, mbali iyi, mbali iyo, mpaka bambo ake atatopa.

"Zamveka, bambo."

Ine ndinali pampando pambali pa bedi, ndipo ndinati m'mtima: aone. Koma iwo analoza kabati ya pambali, pamene panali cholembera chawo. Anawapatsa, ndi kapepala ka mankhwala. Dzanja lamanzere linakoka kamzere kamodzi kokhota, cholembera n'kugwa pansi. Mwana wanga, mkazi wawo, amati chinali chilembo choyamba cha dzina la mwana wawo. Ine ndimati ankafuna chikho chokodzera. Anamwalira Lamlungu lake, choncho palibe angatiweruze.

Pamaliro mkazi wawo anangonong'ona kuti, "Anali munthu wosataya kanthu." A Butchala anaimirira n'kuuza khamu lonse kuti pali mawu amene awasowetsa tulo: malemuwa anali munthu wosataya kanthu. Anthu anagwedeza mitu kuti koma abwana aja amadziwa kulankhula.

Masiku ano mu holo muja muli mtsikana wa kompyuta ndi kamakina kojambula mawu. Kamagwira chilichonse, ngakhale mkonono wa a Butchala. Kungoti palibe mkazi woti kamujambule: chipani sichinaimikenso wina, ndipo mipando ya pachitseko ili mbuu ndi fumbi. Amuna amadzithira okha tiyi n'kumapsa zala. Akuti misonkhano imatha msanga, koma sikoma. A Tcheya nthawi zina amatembenukira kuwindo kudikira kuti tswa, n'kupeza palibe.

Nanenso Loweruka limanditalikira. A Zamveka ankabwera kudzandilonjera, chipewa m'manja, ine n'kuwakalipira ola lathunthu, iwo ali phee. Ana a masiku ano ukawakalipira amayankha. Munthu wodziwa kumvetsera mwaulemu chotero osamva kanthu simungamupezenso.

Cholembera chija anatenga Namwino, poti anyamata analimbirana wailesi ndi jekete. Mwezi wathawu mtsikana wa kompyuta anamunong'oneza kuti mabuku akale ali m'kabati yachitsulo ija, kiyi ali naye, ndipo pansi pa masamba ambiri pali mpata wa mzere umodzi. Ndinamutsatira mdzukulu wanga mpaka kukhitchini.

"Pita ukalembe! Cholembera ndi chomwecho, inki ndi yomweyo, dzanja ndi lomwelo. Angadziwe ndani?"

"Ine, agogo."

"Nanga si zoona zimene ukalembezo?"

"N'zoona. Koma si ine woyenera kulemba."

Mwala wa pamanda anagula yekha, wakuda, wosalala, wabwino kuposa yonse pamzerewo. Wosema wabwera katatu kudzafunsa mawu oti alembepo. Achimwene ake akwiya, amayi ake alira, abusa abwera kudzamukambira za kukhululuka. Iye amapita mwezi ndi mwezi, amazula udzu, amatsuka mwalawo ndi sopo mpaka kuwala ngati magalasi. Palibe chilembo ngakhale chimodzi.

Ndinamufunsa kuti adzalemba liti dzina la bambo ake.

"Akayamba iwo," anatero.