Ng'ona Yanu Yandichotsa Pansi pa Sinki

Kwa Bwana Mkulu,
Kampani yopanga makina ofinyira mapaipi,
Kulikonse kumene mwakhala pa mpando wozungulira.

Wolemekezeka Bwana,

Ndagwada, ngakhale masiku ano kugwada ndimayamba ndapangana kaye ndi mawondo. Ndine pulambala wokalamba. Sukulu ndinalekeza pamene aphunzitsi anayamba kusakaniza manambala ndi zilembo, choncho mukapeza mawu opindika muwawongole nokha, zida muli nazo.

Ndalemba kuti ndithokoze chifukwa cha makina anu a batire aja, amene ife tawatcha Ng'ona. Mkamwini wanga, yemwenso ndi pulambala, anagula imodzi. Amalowetsa paipi m'cholumikizira, Ng'ona n'kuluma kamodzi, kulira ngati kamwana ka mbuzi, basi ntchito yatha. Moto palibe, mtovu palibe, utsi palibe. Nsidze zanga zimene zinapsa ndili mnyamata zayambanso kumera. Zikomo kwambiri. Chasowa ndi munthu woziyamikira, ndipo nkhani yagona pamenepo.

M'nyumba yosanja ya kuseri kwa msika, pamwamba penipeni, mumakhala mayi wina wamasiye. Inenso akazi anga anatsogola kalekale. Paipi ya pansi pa sinki ya mayiwa inali yodwaladwala, ndipo dokotala wake ndinali ine. Inu a muofesi mwina simudziwa kuti paipi yonyowa siwotchereka. Umatseka madzi n'kudikira kuti iume. Ikamadonthabe, umatsina buledi n'kukankhira m'kati kuti agwire madziwo, ukamaliza amasungunuka yekha. Buledi ameneyu ndinkapempha kwa mayiwa. Tsono munthu woleredwa bwino sangakupatse buledi wouma, amateleka ketulo. Paipi inkadya kachidutswa, wotsalayo pulambala. Podikirapo ndinkawasimbira nkhani, iwo n'kumaseka mpaka kupukuta misozi ndi kansalu ka mbale. Mawu enieni aja ndinali ndisanawatule. Kuona maso a nkhono n'kudekha, ndipo nkhonoyo inali itayamba kusuzumira.

Tsopano nawa madandaulo anga, ndawanyamula ndi manja awiri.

Choyamba, liwiro. Mwini nyumba anatopa ndi zigamba zanga, n'kuitana mkamwini kuti asinthe mapaipi onse a m'khitchinimo. Ine ndinapita ngati wonyamula chikwama, nditavala malaya ositidwa. Bwana, tinatuluka m'nyumbamo ketulo isanalire. Makapu anabwezedwa pa shelefu ali ouma. Kodi kukampani kwanuko mumathamangira kuti? Kapena simumwa tiyi?

Chachiwiri, Ng'ona yanu imaluma paipi ngakhale ili chonyowa. Sifuna buledi. Mkamwini ananena zimenezi mokweza, pamaso pa mayiwa, monyadira ngati waipanga yekha. Munthu ndinamupatsa mwana wanga wamkazi osamufunsa zambiri.

Chachitatu, ndipo apa ndipemphe kuti muvale magalasi, ndi kabuku kanu ka malangizo. Mkamwini anandiwerengera kuti cholumikizira chimene sichinalumidwe chimadontha pang'ono, dala, kuti pulambala aone pamene waiwala. Nditamva ndinati anthu a kampaniyi ali ndi mtima, aganizirako ife okalamba. Kudontha pang'ono n'kumene ndinkafuna ine: dontho lero, dontho mawa, mkuja uthenga wabwera woti bambo aja adzaoneko. Ndiye tsiku la ntchitolo ndinapempha kuti pansi pa sinki ndifinye ndine, poti ndimadziwako ngati m'thumba mwanga. Ndinaluma zonse kupatula kacholumikizira kamodzi kokhota ngati chigongono ka kuseri, n'kuikapo ndowa patsogolo kuti kasachite manyazi. Ena akuti ndinachita dala. Ine ndikuti ndinakhulupirira kampani.

Kanadonthadi tsiku loyamba, mwaulemu, monga munalembera. Mawa lake masana, mayi ali kumsika, kanavuka. Madzi anadzaza khitchini, anayendera pabalaza, kenako anatsikira kwa a Telala a pansi pake. A Telalawa nawonso ndi wamasiye, wadazi, osayankhulayankhula, ndipo zaka zonsezi anali asanakwerepo masitepe amenewo. Madzi anawapeza akusoka suti ya mwini wake. Anakwera atakwiya, tepi ili m'khosi, n'kukumana ndi mayi pakhomo ali ndi dengu. Anthu amene anaona akuti anakolopa limodzi mpaka dzuwa kupendeka, ndipo a Telala anatsika akuimba mluzu, thalauza atapinda m'mawondo.

Uthenga unabweradi, koma unapita kwa mkamwini. Iye anathamanga ndi Ng'ona, kuluma kamodzi, kutha. Wanditsimikizira kuti pamenepo sipadzadonthanso mpaka zidzukulu zanga zitamera imvi. Chikwama chake anandilandanso. Madzi akatayika sawoleka, Bwana, koma awa anawoleka, anawawola ndi a Telala.

Chachinayi si cholakwa chanu kwenikweni, koma poti mwatchera kale khutu, imvani. Makatani a mayi ananyowa m'munsi, ndipo a Telala adzipereka kusoka ena. Kuyambira tsiku limenelo amakwera masana aliwonse kukayeza zenera. Zenera lake ndi limodzi, ndipo silikula. Ayeza m'litali, amwa tiyi. Mawa akuti tepi inapindika, ayezanso m'lifupi. Ine ntchito yochedwa ndimaidziwa ndikaiona, ndaigwira moyo wanga wonse, ndipo ndikuuzeni kuti bambo ameneyu ndi katswiri. Amakhala pa mpando wanga, wa mwendo wogwedera uja, umene ndinauika kapepala. Dzana ndinadutsa pansi pa zenera ndikumva mayi akuseka. A Telala! Munthu amene nthabwala yake yomaliza anainena ali ndi tsitsi.

Ndinayesa kukwera ndekha kukafunsa ngati mpopi uli bwino. Mayi anandithokoza kwambiri, anati mipopi yonse ili bwino kuposa kale, ndikapereke moni kwa mkamwini. Pakhomo pomwepo, chipewa chili m'manja.

Sindikupempha kuti musiye kupanga Ng'ona. Ndine ndani ine kuti nditseke chitukuko ndi chala? Pempho langa ndi laling'ono. Nzeru zimene munathera pa mapulambala zatikwana, tsopano kumbukiraniko matelala, nawonso ndi anthu, akuvutika ndi masitepe. Apangireni makina a batire oyeza zenera, kudula nsalu, kusoka ndi kupachika katani ketulo isanalire. Oyamba kutuluka muwatumize msanga kwa a Telala a m'nyumba yosanja ya kuseri kwa msika, ngati mphatso. Mukasowa wonyamula, ndidzawasenza ndekha pamutu, ndipo batire ndizidzawatchajira ine tsiku lililonse.

Koma chonde fulumirani monga mwa chizolowezi chanu. Ndamva kuti ayamba kuyeza zenera la kuchipinda.

Ine wanu wouma kukhosi ngati mapaipi anu,

Pulambala wa nsidze zatsopano.