Supu amene anandiitanira ankhoswe

Mpaka lero ndikamadutsa pamjigo, amayi amatsokomola chonamizira. Choncho nkhaniyi muimve kwa mwini wake, chifukwa imene ikuyenda kuno ku Nkaya yachuluka zowonjezera.

Mwana wathu Amina, amene amakhala ku Joni, anatibweretsera chitini cha supu woyera, wa mkaka ndi nkhono za m'nyanja. Anandikomera kwabasi. Supu atatha, pepala la pachitinipo ndinalimatula bwinobwino n'kulisunga (ine sinditaya pepala, ngakhale lisiti la njinga imene inabedwa kalekale lilipo). Papepalapo panalembedwa zonse: nkhono, mbatatesi, anyezi, mkaka, ufa wa tirigu. Ndinati chovuta n'chiyani, poti Shire ali pafupi?

Asodzi nditawauza kuti ndikufuna nkhono zija za zigoba ziwiri, anandifunsa ngati mbedza ndili nazo.

"Si nyambo iyayi, n'zodya," ndinatero.

Anayang'anana, n'kundidzazira ndowa ulere. (Apa mpamene ndikanadzidzimuka. Msodzi sapereka chinthu chabwino ulere.)

Nditafika, mayi a kunyumba, Abiti Jafali, anasuzumira m'ndowamo n'kubwerera chafutambuyo.

"Abambo ake Amina, zigoba izi timapalira mapoto. Lero tidye zopalira?"

"Zimadyedwa. Zalembedwa."

"Ndiye bwerani nazo, ndithiremo tomato mwina zingaoneke ngati ndiwo."

"Papepala palibe tomato!"

Ndinawatulutsa m'khitchini. Iwo anatenga mkeka, n'kukakhala pansi pa mango moyang'ana kumsewu, atagwira tsaya.

Tsono ine pamudzi pano ndine mkamwini. Taganizani zimene odutsa anaona: mwamuna wa imvi akupemerera moto, misozi ya utsi ili chuchuchu, mkazi ali panja wagwira tsaya. Kuno mwamuna akayamba kudziphikira mumphika wakewake, aliyense amadziwa kuti banja lagwedezeka. Palibe anabwera kudzandifunsa, ngakhale mmodzi. Anangothamanga nayo nkhani.

Mbatatesi isanafewe, anatulukira alamu anga Che Yusufu, nkhoswe ya banja lathu, mkanjo uli thukuta lokhalokha.

"Alamu," anatero asanakhale n'komwe, "ngati mlongo wanga wakukanizani chakudya, nenani. Koma ngati mwatopa nafe, njira ya kwanu mukuidziwa."

Kwathu kuti? Ndinachokako tsitsi lili bii, ndipo mango amene mlongo wawoyo anakhala pansi pake ndinabzala ndine! Ndinathamangira pepala lija kuti ndiwaonetse. Sanaliyang'ane.

"Ine sindiweruza mapepala. Ngati m'nyumba muno mulibe mlandu, idyani mbale imodzi ine ndikuona."

Ndinapakula. Kunena chilungamo, supuyo anayera ngati wa m'chitini, ngakhale fungo linali la matope a padooko. Ndinayamba ndine. Abale inu, mchenga! Zinali ngati ndaluma njerwa yosapsa. Nkhonozo zinalimba ngati labala wa legeni. Ndinameza mwaulemu n'kunena kuti, "Ehe, ndi yemwe uja."

Kenako ndinapereka supuni kwa Abiti Jafali. Anandiyang'ana ngati munthu amene wadziwa kuti lero ali ndi mphamvu. Akanangoti iyayi, bwenzi ine ndikufunafuna thumba lolongezeramo katundu. Anatunga, n'kuyamba kutafuna pang'onopang'ono, dala, mpaka phokoso la mchenga linamveka pamene anakhala alamu. Anameza.

"Achimwene, banja lilipo," anatero akupukuta misozi. "Koma nanunso lawani, mukawauze zoona amene anakutumaniwo."

Che Yusufu anayesa kukana kuti adya kale. Mlongo wawo anawatungira supuni yosefukira. Analawa, anati "Astaghfirullah," n'kulowera kuseri kwa nyumba (anachedwako ndithu). Atabwerako anagamula ali chiimire: mlandu palibe, koma ine ndisadzapondenso m'khitchini, ngakhale kukapala moto.

Ndinavomera, ndipo pamudzi pano ndikadalipo. Koma chigamulocho sichinandikhutitse, chifukwa ndafufuza ndipo ndapeza kuti nkhono umayamba waziviika m'madzi oyera kuti zilavule mchenga. Cholakwika chinali chokhacho basi. Panopa kuseri kwa khola la mbuzi kuli ndowa yovindikira bwino, mafuwa ndaika kale komweko, ndipo Loweruka lino mayi ndi achimwene awo akupita ku ukwati ku Balaka.