Kamera ya a Fahim Inkaloza Oonera

M'mawa uliwonse a Fahim ankatsegula shopu yawo kuno mumzinda wa Tanta n'kuyamba kumenya mbama wailesi zakanema zakale, zija zamimba, imodziimodzi. "Iyi ya patsaya, iyo ya pankhongo," ankatero. "Ukasokoneza imanyanyala sabata yonse."

Koma chimene ankadziwika nacho ndi filimu yawo. Makina oonetsera matepi anali atatsala kwa iwo okha, ndiye munthu akabwera kudzaonera ukwati wake wakale, ankaika kamera pamwamba pa wailesi, kuloza woonerayo.

"Amalume, mkwatibwi ali umu, mukujambuliranji ine?" anafunsa tsiku lina a Sobhi, ogulitsa nyemba zophika.

"Ukwatiwo ndinadyako. Ndikufuna nkhope yako pamene ukuona tsitsi limene unali nalo."

"Nanga filimuyo idzatha liti?"

"Dazi lako likadzasiya kukula."

Zaka makumi awiri, osatha.

Ine sindinkaseka nawo. Amayi atamwalira ndinapita ndi tepi ya ukwati wawo, yokhayo imene ankaonekamo akuyenda ndi kulankhula. Makina aja anaitafuna ngati mbuzi. A Fahim anawamenya, anawatukwana, tepi inatuluka ili zingwezingwe. Ndinaitola, ndipo kuyambira pamenepo ndinkadutsa tsidya lina la msewu.

A Fahim anamwalira nyengo yozizira yapitayi. Msewu unangoti zii, mpaka a Sobhi ankagulitsa nyemba zawo osakuwa. Kenaka mlongo wa malemuwo, a Ihsan, anandiitana.

"Rawya mwanangu, mawa ogula zakutha adzatenga zonsezi. Koma tepi iyi analembapo dzina lako. Anakudikira zaka zitatu, iwe kuthawa, iwonso manyazi."

Tinaionera pomwepo. Munali amayi anga ali pampando m'shopu momwemo, chikwama pamiyendo, akuonera ukwati wawo. Anaseka mpaka kugwira pakamwa, akuloza: "Taonani bambo ake a Rawya, suti yobwereka, manja ofika m'zala!" Kenaka ankangomwetulira okha. Mphindi zisanu ndi ziwiri zokha.

Kukhoma kunali matepi ena mazana, iliyonse ndi dzina.

M'mawa mwake wogula zakutha atafika ndi ngolo yake, anandipeza nditakhalira makina aja pakhomo.

"Tadzukani mlongo, ndinyamule."

"Awa ndi matepiwo sizipita," ndinatero.

"Mutani nazo zinyalalazi?"

"Eni ake sanadzione."