Mmene Apongozi Anandiberekera Kuchokera ku Komoro

Mpaka lero ndikamva mawu akuti chilumba, thupi limachita tsemwe. Lekani ndifotokoze ndekha, ena asanathirepo nsinjiro zawo.

Nkhondo yaikulu ija itangotha, ndinali mphunzitsi woyeserera pa kasukulu ka kumudzi, mbali ya Chipangali. Ndinali nditangokwatira, ndikukhala pachikamwini kwao kwa mkazi wanga Esinati. Mwambo wathu mukuudziwa: mkamwini ndi apongozi aakazi sayang'anana m'maso ndipo salankhulana. Tikakumana panjira, iwo ankapatukira kutchire uku, ine uko. Mawu ankadzera mwa mwana.

Uthenga unabwera kuchokera ku mishoni kuti mzungu woyendera masukulu abwera kudzaona kaphunzitsidwe kanga. Akakhutira, ntchito ikhala yanga. Akapanda kukhutira, ndibwerera ku khasu, m'munda mwa apongozi omwewo. Kunena zoona, ndinaopa kwambiri.

Mutu wa phunziro anandipatsa ndi mlamu wanga Yohane, amene anali atangobwera kunkhondo, komwe anaonako zilumba za m'nyanja yaikulu.

"Aphunzitseni za Komoro, alamu," anatero. "Zilumba zilipo zinayi. Chachikulu ndi Ngazija, chili ndi phiri lofuka utsi. Kenaka Anjuwani, Moheli ndi Mayote. Kale zinali ndi mafumu ake, koma lero akulamula Afalansa, ndipo boma lawo lili pa kachilumba kakang'ono pambali pa Mayote. Mzunguyo akamva zimenezo adzagwa nazo."

Vuto linali lakuti ana athu anali asanaonepo chilumba chibadwire. Nditajambula pa bolodi, anagwirizana onse kuti ndajambula mbatata zinayi. Apa m'pamene nzeru zinandibwerera (ndikanadziwa ndikanazibweza pakhomo pomwepo). Kumunsi kwa mudzi kunali mtsinje wokhala ndi thanthwe pakati. Thanthwelo ndinati ndi Ngazija. Zilumba zinazo ndinaunjika mchenga ndi dothi, ndipo boma la Afalansa linali chitini chovundikira chokhala ndi kambendera ka sanza. Pathanthwe ndinasonkha kamoto ka ndowe zouma kuti phiri lizifuka.

Tsikulo dzuwa linawala bwino, ngakhale tinali m'dzinja. Ndinabwereka majombo a Yohane, ndinawoloka madzi olekeza m'maondo, n'kuima pa Ngazija ndodo ili m'manja. Ana anandanda pagombe, mzungu atakhala pa chitsa. Phunziro linayenda bwino zedi. Ana ankatchula zilumba mokweza, mzungu akugwedeza mutu, ine mtima uli m'malo. Kumapiri kumene mtsinjewo umachokera kunali kutada bii, koma ine maso anali pa mzungu.

Madzi anayamba kufiira, atanyamula zinyalala ndi timitengo.

"Aphunzitsi, boma lapita," anatero Tisauke, kamtsikana kolimba mtima ka kutsogolo.

Chitini chija chinalidi paulendo, mbendera ili petupetu.

"Musadandaule, ana inu, nyanja imatero," ndinayankha. "Tiyeni tipitirize. Ichi ndi chilumba chanji?"

Ndinaloza Moheli, koma Moheli panalibe. Anjuwani ndi Mayote anasungunuka ndikuyang'ana. Kenaka phiri langa linazima ndi kaphokoso, ndipo madzi analowa m'majombo a eni ake. Apa ndiulule chimene ngakhale Esinati sankachidziwa: sinditha kusambira. Mzungu anapinda buluku, n'kuviika phazi limodzi, n'kulibweza. Ana ena anayamba kulira, ine ndikupemphera chamumtima kuti mtembo wanga ukapezeke utavala bwino.

Ndiye anatulukira apongozi, akuchokera kudimba. Anatula dengu, anamanga nsalu m'chiuno, n'kulowa m'madzi olekeza m'chifuwa, nkhope atayang'anitsa kumbali. Atafika pathanthwe anandifulatira, n'kufuulira kugombe.

"Tisauke, uwauze aphunzitsi ako akwere kumsana."

"Aphunzitsi, akuti mukwere kumsana."

Ndinali nditamva ndekha, poti anali pafupi moti ndikanatha kuwakhudza. Koma mwambo ndi mwambo.

"Tisauke," ndinafuula, "uwauze amayi kuti zikomo kwambiri, ndidikira madzi aphwe."

"Uwauze kuti mwana wanga sindinamulerere umasiye. Akafuna kufa akafere kwao."

Ndinakwera. Mwamuna wandevu, mphunzitsi wa ana a anthu, ndinakangamira kumsana kwa apongozi ngati khanda, majombo ali lendelende. Ndinatsinzina njira yonse kuti ulemu usatheretu. Atanditula pamchenga, anasenza dengu lawo n'kumapita osacheuka. Manyazi amene ndinamva sindinawamvenso, koma pansi pa manyaziwo panali chisoni ndi kuthokoza, chifukwa mayi aja akanatha kukokoloka nane limodzi.

Mzungu anapukuta phazi lake lija, n'kutembenukira kwa ana. Ndinadziwa kuti khasu likundidikira.

"Tsono ana inu," anafunsa m'Chinyanja chake chopindika, "chilumba n'chiyani?"

Tisauke anakweza dzanja.

"Ndi malo ozunguliridwa ndi madzi mbali zonse, bwana, oti munthu sangachokepo popanda apongozi ake."

Mzunguyo anayesa kudzigwira, koma analephera. Atatha kuseka anati sanaonepo ana omvetsa chilumba ngati amenewa, ndipo ntchito ndi yanga. Anangondipempha kuti phunziro la mapiri ophulika ndidzalichitire m'kalasi.

Madzulo ake Esinati anabwera ndi uthenga. "Amayi akuti munthu amene wamubereka kumsana sungamuthawenso panjira. Mupereke nkhuku, muzilankhulana."

Ndinapereka tambala wamkulu pa onse. Kuyambira pamenepo tinkacheza momasuka, ndipo mpaka tsiku limene anatisiya sananditchulepo dzina lina koma "a Ngazija". Ndinaphunzitsa zaka zambiri, ndipo zilumba zonse za m'dziko lapansi ndinazisiya pa bolodi, ana azizitcha mbatata ngati afuna. Kusambira kokha sindinaphunzire, ndipo wondibereka kulibenso.