A Khalanimomo ndi Chingwe cha Khoti

Zinayamba mu 1987, nyengo yozizira, pamene mdipiti wa mpingo wathu unagumula khonde la wogulitsa mbale. Chaka chilichonse tinkayenda kuchokera pabwalo la mpira mpaka kutchalitchi, anthu zikwizikwi, maso onse kumwamba, ndiye mbalezo sitinazione. Eni masitolo anatisumira. A majisitireti anagamula kuti tiziyenda mkati mwa chingwe, ndipo akadzangotuluka munthu mmodzi, chilolezo chidzathera pomwepo.

Ine, pokhala mlembi wa mpingo komanso mphunzitsi wamkulu, ndinaimirira m'khotimo n'kulonjeza kuti ngakhale ntchentche sidzatuluka. Ndinkangokometsa pakamwa. Koma pabenchi lakumbuyo panali bambo wina wosoka nsapato amene sankadziwa zokometsa. Ndiwo tinawapatsa chingwe chakumbuyo, ndipo pa mdipiti wotsatira anapata dzina la a Khalanimomo, poti aliyense ankamuyankha mawu omwewo.

Khoti linaletsa kutuluka, koma za kulowa silinanenepo. Choncho aliyense wopezeka pamsewu chingwe chinkamukokolola. Mu 1989 tinafika kutchalitchi ndi wometa, kasitomala wake atametedwa theka la mutu, komanso amuna awiri atasenza bedi.

"Bambo, ife si a mpingo wanu," anadandaula a bediwo.

"Khoti silinafunse za mpingo. Khalani momo."

"Nanga bedili?"

"Nalonso likhale momo."

Ineyo ndinkayamba kutsogolo pafupi ndi mbendera, malo a anthu ophunzira, koma mawondo ankandibweza mzere ndi mzere mpaka chingwe chindigunde m'chiuno.

"Mwafika, aphunzitsi? Ndimati mwachedwa chaka chino."

"Achimwene, ndikhaleko pansi pambalipa."

"Za ntchentche munanena ndinu. Khalani momo."

Lamlungu, pa 14 Juni 1992, chingwe chinakola bambo wina wovala masilipasi, atanyamula buledi. Nditawayang'ana ndinawazindikira.

"Achimwene, kwezani chingwe," ndinanong'oneza. "Awa ndi a majisitireti."

"Ndawadziwa. Nsapato zawo ndimasoka ndine."

"Inu bambo," anatero a majisitireti, "lamulo limeneli ndinalemba ndine."

"Ndiye mukulidziwa bwino, bwana. Mukatuluka inu, watuluka munthu. Khalani momo."

Anayenda pambali panga njira yonse, masilipasi akuvuka. Ndinaona kuti chilolezo chathu chikufa ndikuona, ndiye ndinati ndiwafewetse mtima. Ndinawafotokozera mbiri ya mpingo, chaka ndi chaka, osadumpha ngakhale tsiku limene tinagula belu. Itatha mbiri ndinayamba kuwaimbira. A kwaya anali atandipempha kalekale kuti mphatso yanga ndi yolemba, koma ndinkayesa nsanje. Tili pakati pa ulendo a majisitireti anabenthula buledi wawo n'kundipatsa chibenthu chachikulu. Ndinayesa chifundo, ndipo ndinafotokozera amayi onse choncho.

Lachitatu, pa 17, anatiitanitsa. Apolisi anapempha kuti mdipiti uletsedwe chifukwa ukugwira anthu ambiri kuposa iwo. A Khalanimomo anabwera ndi chingwe chawo m'thumba, poganiza kuti akukachibweza. Ine ndinabwera ndi mawu okonza kale, koma sanandipatse mpata. A majisitireti analowa akutsimphina.

"Ndinakayendera ndekha," anatero. "Chingwe chija n'cholimba kuposa ndende yathu. Chilolezo chipitirire. Koma ongodutsa azimasulidwa, ndipo mlembi wa mpingo asamaimbe pamsewu wa boma."

Chigamulocho ndinachiwerenga ndekha kutchalitchi, chifukwa inali ntchito yanga. Pa ndime yomaliza a kwaya anawomba m'manja.

A Khalanimomo anamvera. Ongodutsa ankawakwezera chingwe, koma nkhope ili khuma, ngati munthu woperekeza alendo amene akana kugona. Ife a mpingo sanatimasulepo. Pa zaka zonse zimene anagwira chingwe, palibe mwana anasowa kapena nkhalamba inatsalira panjira, ndipo khoti sitinalionenso. Mu 2010 miyendo yawo inayamba kuchedwa kuposa yanga, ndipo mdipiti wonse unayenda mwa liwiro lathu awiri, wansembe akucheukacheuka.

Masiku ano kumbuyo kuli achinyamata ovala malaya achikasu, aulemu kwambiri. Chingwe chikandipeza amachikweza pamwamba pa mutu wanga n'kunena kuti, "Agogo, pumulani." Ndimatsala pakhonde la sitolo ndikuyang'ana misana ya anzanga, ndipo palibe wodandaula, ngakhale khoti. Chaka chino ndinaimba pamenepo, osandiletsa aliyense, koma ndinasiyira pakati.

A Khalanimomo anatisiya Lachiwiri, pa 9 Ogasiti 2011.