Tsiku Limene Ndinaba Msewu

Amene akufuna kuseka aseke tsopano, amalize, apukute misozi, chifukwa ndikayamba sindifuna kuona mano pamtunda. Ine Fabiyano wa ku Macanga ndikulemba izi ndi dzanja langa, sukulu ndinalekeza teresera kalasi, kalasi yachitatu, koma bodza sindinaphunzire, ndipo wotsutsa akwere shapa, minibasi yathu ija, ku Furancungo kulowera ku Chidzolomondo, akafika pa katauni kathu aone yekha mmene msewu umayendera ngati munthu wochokera ku mowa wa maliro, kenako abwere andiuze ngati munthu wophunzira angajambule zotero. Msewu umenewo ndinaba ndine. Ena amaba nkhuku, ena mbuzi, ena akazi a eni ake. Ine ndinaba msewu wathunthu ndi fumbi lake lomwe, masana dzuwa lili pamutu.

Sindikudzitama ayi, ndikulapa. Kuchipatala andiuza kuti mtima wanga watupa, ndipo munthu ukamva zotero umayamba kusesa m'nyumba. Ndinapita kwa akulu a mpingo ndikuulula zonse. Iwo anayang'anana, wina anatsokomola nthawi yaitali, kenako anagamula kuti sindilandiranso mgonero kufikira amene ndinamulakwirayo atandikhululukira ndi pakamwa pake. Munthuyo ndi a Bonifasiyo, akumpadre anga, amene anandigwirira mwana wanga woyamba pa ubatizo. Ndiye mvetserani mlandu wake.

Nkhondo itatha, tinabwerako ku Malawi kumene tinathawira. Inu ana a lero mukaona misika, zigayo ndi njinga zamoto mumayesa zinamera zokha. Pano panalibe tauni. Panali udzu wotalika kuposa munthu, makoma a loja, sitolo ya mzungu yopsa, ndi msewu wakale umene unamera mitengo pakati. Mabanja amene lero amayenda chifuwa patsogolo namati ndife eni tauni, ine ndinawaona akufika, mphika pamutu, lona ya tenti pamsana, ana ali mbulanda. Ena amene lero mumawatchula kuti Sinyoro, ndiye kuti bwana, ankagona m'dzenje la nkhumba. Sinditchula maina, ndine munthu wolapa.

A Bonifasiyo anafika patsogolo pa tonse chifukwa anali ndi njinga. Anabwera ndi malata, nsapato, ndi timawu ta Chingerezi timene ankatiwaza nato ngati mchere. Anasankha malo m'mphepete mwa msewu wakale, namanga loja yoyang'ana msewuwo. Ine ndinafika wapansi ndi malemu akazi anga Naphiri, ndipo malo otsala anali kumbuyo, kufupi ndi dambo, kumene achule ankatilandira ngati abale. Tsiku lina akumpadre anandiuza pamaso pa anthu kuti, "Akumpadre, mukalakalaka kuona galimoto muzibwera kwathu, mpando ulipo." Anthu anaseka. Inenso ndinaseka. Satana analowera pa kuseka komweko.

Tsopano mvetsani mmene magalimoto ankayendera masiku amenewo. Pansi panali mamina, mabomba okwirira aja, ndipo palibe ankadziwa pamene agona. Choncho motorishita aliyense, woyendetsa galimoto, ankaponda ndendende m'mapazi a galimoto imene yadutsa kale. Pamene tayala laponda osaphulika, pamenepo ndiye pa moyo. Sankafunsa kuti tayalalo ndi la yani, ankangolitsata ngati mwana wa nkhuku. Ndiye kunagwa chimvula chimene chinafufuta mapazi onse a pa msewu wakale, ndipo mawa lake tinkayembekeza kamiyau, chigalimoto chobweretsa anthu ena obwerera kwawo. Anthu onse anali atawoloka mtsinje kukalandira makasu ndi mbewu. Ine ndinati m'mimba mwandipotokola, ndinatsala.

Kuthengo kunali tayala la thirakitala yopsa pa nkhondo, tayala lalikulu moti mbuzi zinkabisalamo mvula ndipo banja lina linakhalamo nyengo yonse ya dzinja lisanamange nyumba, ndipo ine ndinalidzutsa ndi dzanja limodzi chifukwa linalo ndinali kudyera chimanga chootcha, ndinaliika pamutu popanda nkhata, ndinathamanga nalo mpaka pa mphambano pamene msewu wakale umatsikira, ndinalitsitsa, ndinalavulira m'manja, ndikuyamba kuligudubuza kuchoka pa msewu kulowa m'thengo, kulunjika pakhomo panga. Mukumva? Udzu unkagona wokha tayala lisanafike, mitengo ing'onoing'ono inkadzizula n'kukaima pambali, matope ankauma ndi liwiro langa n'kusanduka fumbi, fumbilo linaphimba dzuwa mpaka nkhuku za mudzi wonse zinakwera m'mitengo kukagona masana, tambala wina analira kawiri posokonezeka, ndipo ine osaima. Pakamwa ndinkalira ngati injini, ndikusintha magiya ndi kholingo, mpaka gogo wina wogontha chibadwire amene anatsala m'mudzi analumbira pambuyo pake kuti anamva galimoto, ndipo kuyambira tsikulo anayamba kumva.

Galimoto ili ndi mapazi awiri, zimenezo ndinkazidziwa, sindine chitsiru. Nditafika pakhomo panga ndinapitirira mpaka kukalumikiza msewu wakale kutsogolo, kuseri kwenikweni kwa loja ya akumpadre, kenako ndinabwerera kukajambula phazi lachiwiri. Poyeza kutalikirana kwake ndinkagona pansi chopingasa, mutu pa phazi ili, zidendene pa linalo, ndikudzuka, ndikugudubuza, ndikugonanso, mpaka nyerere zinandizolowera n'kumandipatsa moni. Ndinathira mafuta a nsatsi osakaniza ndi mwaye apo ndi apo kuti aziti injini inkadontha. Nditatembenuka kuona ntchito yanga, abale, mapaziwo anali enieni moti ndinachita mantha ndekha, ndinalumphira kumbali kuopa kugundidwa.

Mukufunsa za mamina? Analipo. Ndinkawamva pansi pa mapazi anga akunong'onezana. Koma ataona mmene ndinkabwerera anachita mantha, anakumba okha kulowa pansi kwambiri, ena anathawa mobisa ngati mfuko mpaka kukatulukira kumapiri a ku Tsangano. Apa ndiye pamene pamandiwawa ndikagona chagada. Mawa lake kamiyau anafika atadzaza amayi, makanda ndi nkhalamba, motorishita anatsika pa mphambano, anayang'ana msewu wakale wopanda phazi, anayang'ana mapazi anga, anachita chizindikiro cha mtanda, nakhotera m'thengo limene munthu aliyense anali asanalifufuze. Anthu onse aja ndinawayendetsa pamwamba pa imfa kuti ine ndigulitse zitumbuwa. Mulungu yekha anawagwira. Mina imodzi yaulesi imene sinathawe inadzapondedwa ndi ng'ombe ya akumpadre patapita miyezi, pambali penipeni pa msewu wanga, ndipo nyama inagwa ngati matalala midzi itatu, anthu anadya osadziwa wothokoza.

Kamiyau anaima pakhomo panga chifukwa mapazi anafika pamenepo. Naphiri anatulutsa thobwa. Wachiwiri anatsata woyamba, wachitatu anatsata wachiwiri, ndipo pofika nthawi yokolola unali msewu. Pamene ndinazungulira chulu, lero shapa imazungulira chulu, ngakhale chulucho chinaphwasulidwa kalekale n'kuumbidwa njerwa. Pamene mavu anandithamangitsa ndikuthawa uku ndi uku tayala lili m'manja, lero pali makhotamakhota aja amene amayi amasanzirapo. Pamene ndinapatuka kukadzithandiza, pepani, ndi pamene pali siteji.

Ndiye tauni inanyamuka kutsata msewu. Amayi a tomato anayamba, achigayo anatsatira, osoka zovala, ometa, ogulitsa kachasu, aliyense kulimbirana malo kudambo kumene dzulo lake ankandiseka, achule anasamuka mokwiya, nyumba zimene zinamangidwa kale kuyang'ana msewu wakale zinatembenuka zokha pang'onopang'ono ngati mpendadzuwa, eni ake akudzuka m'mawa n'kupeza khomo lili kumene kunali zenera, tchalitchi chimene tinamanga ndi udzu chinasuntha chokha osagwetsa ngakhale belu, mpaka maliro anayamba kudzera pakhomo panga ndipo onyamula bokosi ankaima kugula fodya. Mukumva? Amene anali kutsogolo anakhala kumbuyo. Mabanja amene ankakana kumwa madzi kwathu anayamba kutuma ankhoswe kudzafunsira ana anga. Ine amene ndinalibe nsapato ndinayamba kutchedwa Sinyoro Fabiyano, ndipo pa misonkhano ankandipatsa mpando wotsamira.

Nyumba imodzi yokha sinatembenuke: loja ya a Bonifasiyo. Inauma khosi ngati mwini wake. Inatsala ikuyang'ana thengo, shuga anauma n'kusanduka mwala umene anthu ankanolera mipeni, sopo anamera ndere, nkhuku zawo zinasamukira kwathu zokha zili pa mzere, timawu ta Chingerezi tija tinafota m'kamwa mwawo posowa wotimva. Ana awo anabalalika kukafuna maganyu m'minda ya fodya. Akazi awo anamwalira akudikira ogula. Ine ndinkadutsa ndi njinga yanga yatsopano n'kuimba belu. Mpaka ndinawauza tsiku lina kuti mpando ulipo kwathu. Zimenezo ndinanena ine, ndi pakamwa pomwe pano pamene ndikufuna kulandirira mgonero.

Sabata yatha ndinavala jekete ndikupita. Ndinawapeza atakhala pakhonde la loja yawo, maso achita nkhungu, akuyang'anabe kumene kunali msewu. Ndinagwada, mawondo analira ngati nkhuni.

"Akumpadre, ndine Fabiyano. Ndabwera kudzapepesa. Ndinakuberani msewu."

"Msewu uti?"

Ndinafotokoza zonse monga ndalembera apa, osachotsa kanthu. Anamvetsera mpaka kumapeto. Kenako anayamba kuseka, kuseka kwa munthu wopanda mano, mpaka ndinawagwira kuti angagwe pampando.

"Inu, akumpadre? Inu amene mzere wa mbatata umakukanikani kuwongola? Kamlatho ka pa msewu wakale kanagwa ndi chimvula chija. Motorishita anaona ndi maso ake, nakhotera kumene kunali kouma. Tayala lanulo ndinaliona. Linali la njinga yamoto."

"Linali la thirakitala!"

"La njinga yamoto, lophulika kale. Munkaligudubuza ndi kamtengo ngati mwana."

"Akumpadre, ndinakuphani ndi umphawi ine. Ndikhululukireni."

"Umphawi wanga ndi wanga, musandilandenso umenewo. Kukhululuka ndikhululuka lero lomwe, koma pa tchimo lenileni. Mwatinyansa ndi bodza limeneli pa maliro aliwonse, pa ukwati uliwonse. Lamulungu likudzali mukaime kutsogolo kwa mpingo, munene kuti simunabe kanthu, munali munthu wamba wa kudambo amene msewu unamugwera pakhomo ngati zinyalala za mphepo. Mukatero ndidzabwera ndekha ndi ndodo yanga kudzauza akulu a mpingo kuti ndakhululuka."

Ndinadzuka. Sindikumbuka ngati ndinatsazika.

Taganizani, abale. Munthu wasenza tchimo lake zaka zonsezi, walilera, lakula naye, tauni yonse yamangidwa pamwamba pake, ndiye wina angoti kulibe? Ndiime pamaso pa anthu amene ndinawapatsa malo okhala, ndinene kuti ndinali wamwayi chabe? Lamulungu linafika. Ndinakhala pa benchi yakumbuyo. Mbale ya mgonero inadutsa pamaso panga, ndinamva fungo la mkate, manja ndinawakhalira kuti angatambasuke. A Bonifasiyo anali atabwera, koyamba pa zaka zambiri, atakhala kutsogolo, khutu atalozetsa kwa ine. Anadikira mpaka nyimbo yomaliza. Sindinaime.

Mtima ukutupirabe, usiku ndimagona chokhala, ndipo ndikudziwa kuti mwina ndidzapita osalawanso mgonero. Ndikuopa, sindibisa. Koma ndalemba izi kuti akulu a mpingo awerenge ndi kuweruza okha ngati munthu angapeke zinthu zotere. Za kamlathoko sindikutsutsa, kanagwadi, akumpadre sananame. Koma mvula yokha singagwetse kamlatho ka simenti ka Apwitikizi. Inu mukuganiza kuti anakakankha ndani?